Kodi Analankhuladi Choncho? Mbiri Yakale pa Kanema wa ku Germany

Madzulo a pa 24 Januwale 2022, wailesi ya kanema ya ZDF inaonetsa sewero lopanda nyimbo ngakhale imodzi, lopanda kulira kwa mfuti, lopanda mtembo. Munali amuna 15 atakhala pa tebulo m'nyumba yokongola m'mphepete mwa nyanja ya Wannsee ku Berlin, mlembi wamkazi ali pambali ndi cholembera chake. Nkhani yawo inali yogawana ntchito yopha Ayuda 11 miliyoni a ku Ulaya. Sewerolo, Die Wannseekonferenz, analitsogolera ndi Matti Geschonneck, ndipo linaonetsedwa patangopita masiku anayi msonkhano weniweniwo utakwanitsa zaka 80.

Munthu akaonera sewero lotere amadzuka pampando akukhulupirira kuti wadzimvera yekha zimene Reinhard Heydrich, amene anatsogolera msonkhanowo, ndi anzake analankhula pa 20 Januwale 1942. Sitingamuseke munthu ameneyo. Mayina ndi enieni, maudindo ndi enieni, mayunifolomu anasokedwa potsata akale, nyumba imene ikuoneka kunjayo ndi yomweyo. Nanga mawu angalekerenji kukhala enieni? Komatu m'chipinda muja munalibe makina ojambula mawu. Chimene chinatsala ndi maminitsi a masamba 15 amene anakonza Adolf Eichmann, mmodzi wa amunawo. Anatayipa makope 30, koma limodzi lokha, la nambala 16, ndilo linapezeka mu 1947 m'mafayilo a unduna woona za mayiko akunja. Maminitsiwo sanena mawu a munthu monga anatulukira pakamwa pake, ndiponso analembedwa mozungulira dala: pamene nkhani ili ya kupha, iwo akukamba za kusamutsa anthu. Eichmann mwini wake, pa mlandu wake ku Jerusalem mu 1961, ananena kuti amunawo anakamba za kupha mosapsatira, ndipo maminitsi anachita kuwayeretsa pambuyo pake. Choncho pafupifupi chiganizo chilichonse chimene woonera anamva mu 2022 chinalembedwa ndi anthu a masiku athu ano, Magnus Vattrodt ndi Paul Mommertz, potolatola m'maminitsiwo, m'makalata ndi m'zolankhula zina za amuna omwewo.

Mommertz ndi amene analembanso sewero loyamba la msonkhano womwewu, limene Heinz Schirk anatsogolera mu 1984, ndipo nthawi imeneyo mtolankhani wa magazini ya Der Spiegel, Heinz Höhne, analidzudzula kuti ladzaza mipata ndi zopeka. Mkanganowu ndi wakale ndipo sudzatha, chifukwa palibe sewero la mbiri yakale lingaime popanda kupeka. Mafumu, nduna ndi akuluakulu a asilikali amasiya makalata ndi malamulo. Zimene ananong'onezana pakhomo potuluka amapita nazo kumanda. Wotsogolera sewero sangachitire mwina koma kuika mawu m'kamwa mwa anthu akufa, ndipo chofunika kumufunsa n'chakuti mawuwo wawatenga kuti, nanga akufuna kuti woonera aonepo chiyani.

Pa funso limeneli Geschonneck akupambana. Nyimbo ya mu filimu imauza munthu nthawi yolira ndi nthawi yochita mantha. Ikachoka, woonera amatsala yekha ndi akuluakulu a boma akukangana mwaulemu za sitima za pamtunda, za malire a maofesi awo, ndi za ana obadwa kwa kholo limodzi lachiyuda. Sewerolo limakonzanso chikhulupiriro china chofala, chakuti pa Wannsee ndi pamene anagamula zoyamba kupha. Kupha kunali kutayamba kale. Ku Babi Yar, pafupi ndi Kyiv, anthu 33,771 anaomberedwa m'masiku awiri mu Sepitembala 1941, ndipo ku Chełmno anayamba kupha ndi utsi wa galimoto mu Disembala chaka chomwecho. Amuna a pa tebulo paja akukamba za ntchito imene ili mkati, ndipo sewerolo likuwaonetsa choncho.

Ena akamva zimenezi amagwera mbali inayo. Amati ndiye kuti masewero onsewa ndi nthano chabe, ndipo wofuna zoona azionera mafilimu a zochitika zenizeni, momwe mboni zimalankhula zokha popanda wozisewera. Apa ndi polowera dzina la Heinrich Breloer. Iye anabadwira ku Gelsenkirchen mu 1942, ndipo pamodzi ndi mnzake Horst Königstein wa ku wailesi ya NDR ku Hamburg anakhwimitsa njira yosakaniza zinthu zitatu mu sewero limodzi: zithunzi zakale zenizeni, macheza ndi anthu amene analipo, ndi zigawo zochitidwa ndi akatswiri a zisudzo. Telala waluso amabisa msoko kuti chovala chioneke ngati nsalu imodzi. Breloer msoko amausiya kunja dala, kuti woonera aone pamene pathera chikalata ndi pamene payambira kupeka.

Mu Todesspiel, la mu 1997, anafotokoza masabata oopsa a 1977, pamene zigawenga za gulu la RAF zinagwira mkulu wa bungwe la olemba anthu ntchito, Hanns Martin Schleyer, ku Cologne, ndipo anzawo analanda ndege ya Lufthansa imene inakapulumutsidwa ku Mogadishu. Woonera amamva Helmut Schmidt weniweni, amene anali mtsogoleri wa boma, akufotokoza chifukwa chimene anakanira kumasula akaidi amene zigawengazo zinkafuna. Kenaka amaona wosewera ali m'chipinda chimene Schleyer anatsekeredwamo. Kenaka akubwera mkazi wamasiye wa Schleyer. Palibe amene akuloledwa kukhala mwini nkhani yekha.

Die Manns, la mu 2001, ndi mbiri ya banja la mlembi Thomas Mann, amene anamusewera ndi Armin Mueller-Stahl. Koma mtima wa sewerolo ndi mayi Elisabeth Mann Borgese, mwana wamkazi wotsiriza wa mlembiyo, amene panthawiyo anali atapitirira zaka 80 ndipo pa ana onse asanu ndi mmodzi anali atatsala okha. Breloer anayenda nawo m'malo amene banjalo linakhalamo, akuwafunsa. Mayiwa anali mwana wapamtima wa bambo awo, choncho amawakumbukira mwachikondi. Pambali pa mawu awo, sewerolo likuonetsa bambo yemweyo akupitiriza ulendo wake wokakamba nkhani mwana wake Klaus atadzipha ku Cannes mu 1949, osapita ku maliro. Woonera amapatsidwa zonse ziwiri kuti aziyeze yekha. Mayiwa anamwalira mu Febuluwale 2002, patangopita miyezi iwiri sewerolo litaonetsedwa, ndipo chaka chomwecho linalandira mphoto ya International Emmy.

Koma ntchito ya Breloer imene imagwedeza kwambiri chikhulupiriro chathu mwa mboni ndi Speer und Er, ya mu 2005. Kwathu kuno timachenjera ndi kandimverere, amene amakanena za m'maluwa, ndipo timati tifunse amene analipo. Albert Speer analipo. Anali katswiri wa zomangamanga wa Hitler, ndipo kuyambira 1942 anali nduna ya zida za nkhondo. Pa milandu ya ku Nuremberg anavomera kuti monga nduna ali ndi gawo pa zoipa za bomalo, koma anakana kuti ankadziwa za kuphedwa kwa Ayuda. Anzake ena ananyongedwa, iye anapatsidwa zaka 20. Atatuluka m'ndende ya Spandau mu 1966 analemba buku la moyo wake limene linatuluka mu 1969 n'kugulidwa kwadzaoneni, ndipo mpaka imfa yake ku London mu 1981 anali mboni yokondedwa ya atolankhani ndi olemba mbiri: munthu wophunzira, wofatsa, wooneka wolapa, amene ankalowa m'chipinda cha Hitler. Ambiri anamukhulupirira.

Breloer anapereka udindo wa Speer kwa Sebastian Koch ndi wa Hitler kwa Tobias Moretti, kenaka anakhala pansi ndi ana atatu a Speer, amene tsopano anali achikulire, n'kuwaonetsa zikalata. Zikalatazo zikusonyeza kuti ofesi ya bambo awo ndiyo inkatulutsa Ayuda m'nyumba zawo ku Berlin, ndiponso kuti mu 1942 bambowo anavomereza ndalama ndi zipangizo zokulitsira msasa wa Auschwitz. Kamera imakhalabe pa nkhope zawo pamene akuwerenga, ndipo n'zovuta kuonera. Apa sewero linachita chimene macheza ambiri ndi Speer wamoyo analephera. Ngakhale zili choncho, otsutsa ena ananena mfundo imene ndikugwirizana nayo: zigawo zimene Speer ndi Hitler ali awiriwiri gwero lake lalikulu ndi Speer yemweyo, ndipo chimene diso laona wosewera waluso akuchita chimakhalitsa m'mutu kuposa chikalata chowerengedwa. Ngakhale wotsogolera wosamala ngati Breloer sanathe kumutulutsiratu wabodzayo m'nyumba.

Pali chikhulupiriro chinanso, chofala ngakhale ku Germany komweko, chakuti wailesi za kanema za dzikolo zinali duu pa nkhanza za chipani cha Nazi mpaka pamene a ku America anabweretsa sewero lawo. Si choncho kwenikweni. Mu 1960 Fritz Umgelter, mu Am grünen Strand der Spree, anaonetsa kale Ayuda akuomberedwa ku Orsha. Mu 1965 Egon Monk anatsogolera Ein Tag, tsiku limodzi mu msasa wozunzirako anthu mu 1939, ndipo amene analemba, Gunther R. Lys, anakhalapo mkaidi ku Sachsenhausen. Komabe chikhulupirirochi chili ndi pogwira. Mu Januwale 1979 wailesi za ARD zinaonetsa Holocaust, sewero la magawo anayi la Marvin J. Chomsky lonena za banja lopeka la dokotala wachiyuda, a Weiss. Akuluakulu ena a wailesi ankaliona ngati lamalonda chabe, moti silinaikidwe pa tchanelo chachikulu koma pa matchanelo a m'zigawo. Otsatira maganizo a Nazi anaphulitsa nsanja ziwiri zoulutsira zithunzi masiku ochepa lisanayambe. Ndi zonsezo, anthu pafupifupi 20 miliyoni analionera, ndipo ambirimbiri anaimba foni ku wailesi, ena akulira. Mu Julayi chaka chomwecho nyumba ya malamulo inachotsa malire a zaka zozengera mlandu wakupha, kuti akupha a nthawi ya Nazi asapulumuke chifukwa cha kupita kwa nthawi, ndipo ambiri amati sewerolo linathandizira kusintha mitima.

Wotsogolera masewero Edgar Reitz sanakondwere. Anadandaula kuti a ku America akulanda Ajeremani mbiri yawo, ndipo anabwerera kwawo ku Hunsrück kukalemba Heimat pamodzi ndi Peter Steinbach. Linatuluka mu 1984, magawo 11, maola oposa 15, likutsata mudzi wopeka wa Schabbach kuyambira 1919 mpaka 1982, ena mwa osewera ali anthu wamba a m'deralo olankhula chinenero cha kwawo. Ndi ntchito yaikulu, ndipo amene anakulira kumudzi kulikonse pa dziko lino adzazindikiramo abale ake. Koma nalonso linadzudzulidwa kuti kuphedwa kwa Ayuda kukungoonekera patali, monga momwe anthu a m'mudzimo anasankhira kukuonera.

Phunziro limene wailesi zinatengapo pa 1979 linali lina: mbiri imalowa m'mitima ya anthu mamiliyoni ikadzera mwa banja limodzi kapena munthu mmodzi amene woonera angamukonde, ngakhale munthuyo akhale wopeka. Ndipo apa tiyenera kusiya ganizo lakuti wotsogolera sewero ndi mfumu imene imachita zofuna zake. Ku Germany nyumba iliyonse imalipira ndalama ya wailesi za anthu onse, ma euro 18.36 pa mwezi kuyambira 2021, ndipo zonse pamodzi zimapitirira 8 biliyoni pa chaka. ARD ndi ZDF zimagwiritsa ntchito ndalama imeneyo, ndipo sewero lililonse lili ndi mkonzi wake wa ku wailesi amene amavomereza nkhani, kuwerenga zolembedwa, kupereka maganizo pa osewera ndi kulandira filimu ikatha. Pali mwini kampani yojambula, amene kawirikawiri ndiye amayambitsa ganizo n'kufuna wolemba, wotsogolera n'kubwera pambuyo. Pali mabungwe a m'zigawo othandiza mafilimu, amene amafuna kuti ndalama yawo ikagwire ntchito m'chigawo chawo. Pali akatswiri a mbiri olembedwa ganyu yolangiza, amene malangizo awo amamveka koma satsatidwa nthawi zonse. Palinso wotchi: sewero lalikulu limayamba 8:15 madzulo, ndipo gawo limodzi nthawi zambiri limakhala mphindi 90. Nkhondo ya zaka zisanu ndi chimodzi iyenera kukwana mmenemo.

Za malo ojambulira tisatayepo nthawi. Berlin wakale anaphwasulidwa ndi mabomba, choncho chipatala cha Charité cha mu 1888 chimene anthu anaona pa ARD mu 2017 chinajambulidwa makamaka ku Prague, ndipo misewu ina ya mu Babylon Berlin inachita kumangidwa ku situdiyo ya Babelsberg. Sewero lomalizali lili ndi otsogolera atatu, Tom Tykwer, Achim von Borries ndi Henk Handloegten, ndipo ndalama zake anasonkherana ARD ndi wailesi yolipira ya Sky. Palibe bodza pamenepo, ndi ntchito chabe.

Chofunika kuyang'anitsitsa ndi munthu wopeka uja amene amaikidwa pakati. Nico Hofmann ndi kampani yake ya teamWorx anatchuka ndi masewero aakulu a magawo awiri kapena atatu omangidwa motere. Mu Dresden, limene Roland Suso Richter anatsogolera mu 2006, mzinda umene mabomba a mu Febuluwale 1945 anaphamo anthu pafupifupi 25,000 tikuuona kudzera mwa namwino wachijeremani amene wagwa m'chikondi ndi woyendetsa ndege wa ku Britain wobisala m'chipatala. Anthu oposa 12 miliyoni anaonera. Moto wa mu sewerolo ndi woopsa ndithu, ndipo zambiri zimene anthu akukumana nazo m'zipinda za pansi zikufanana ndi zimene opulumuka anafotokoza. Koma chikondicho chinabwera ndi zofuna za nthawi ya 8:15, osati ndi mbiri. Ine ndimachiona ngati chochepetsa nkhaniyo, ngakhale ndikudziwa kuti popanda icho ambiri mwa 12 miliyoni aja akanasintha tchanelo.

Charité linachita mwanzeru pang'ono. Sönke Wortmann anatsogolera chigawo choyamba, ndipo mmodzi mwa olemba ake awiri, Sabine Thor-Wiedemann, anaphunzira udokotala. Rudolf Virchow, Robert Koch, Emil Behring ndi Paul Ehrlich ndi anthu enieni, atatu omalizawo anadzalandira mphoto ya Nobel, ndipo manyazi amene Koch anachita ndi mankhwala ake a chifuwa chachikulu a mu 1890, amene sanachize anthu, akuonetsedwa mosabisa. Ida Lenze, mtsikana wamasiye amene akugwira ntchito ya unamwino pobweza ngongole ya chipatala kwinaku akulakalaka udokotala, sanakhaleko. Koma khoma limene akugundana nalo linaliko: ku Prussia akazi sanaloledwe kulembetsa ku yunivesite monga ophunzira enieni mpaka 1908. Uku ndi kupeka kotumikira zoona.

Pamene mbiri ya munthu yathera mu sewero ndi chisankhonso, ndipo woonera sachiona. Nkhani ya Koch mu Charité imatha asanafike ku zilumba za Ssese pa nyanja ya Victoria, kumene mu 1906 ndi 1907 anayesa mankhwala a atoxyl pa anthu a mu Africa odwala kaodzera, ena mwa iwo n'kuchita khungu. Sindikunena kuti olemba anabisa dala, pajatu nkhani yawo inali ya chipatala cha ku Berlin m'zaka zina. Koma amene amudziwa Koch kudzera pa kanema yekha akumudziwa theka. Ndipo ngakhale pamene kanema wa ku Germany anayang'ana ku Africa mwachilungamo, monga mu Morenga la Egon Günther mu 1985, lonena za Jakob Morenga amene analimbana ndi asilikali achijeremani m'dziko limene lero ndi Namibia, maso amene tikuonera nkhondoyo ndi a dokotala wa ziweto wachijeremani wopeka. Dzina la sewero ndi la Morenga, amene anamusewera Ken Gampu wa ku South Africa, koma mtima umene tikuloledwa kulowamo ndi wa mlendoyo.

Nanga eni ake a mbiri, kapena abale awo, ali ndi mawu? Ena amaganiza kuti wotsogolera angachite ndi munthu weniweni chilichonse chimene wafuna, ena amati ayenera kupempha chilolezo kwa banja. Onse awiri alakwa pang'ono. Mu 1973 khoti lalikulu loona za malamulo oyendetsera dziko linaletsa ZDF kuonetsa sewero la kuphedwa kwa asilikali anayi ku Lebach mu 1969, chifukwa linkatchula dzina ndi kuonetsa chithunzi cha wothandizira mlanduwo amene anali pafupi kutuluka m'ndende, ndipo khotilo linati ali ndi ufulu woyambanso moyo. Mu 2007 khoti lomwelo linakana kuletsa Contergan la Adolf Winkelmann, lonena za mankhwala a tulo amene anachititsa ana pafupifupi 5,000 ku West Germany kubadwa olumala, ngakhale kampani ya Grünenthal inalimbana nalo m'makhoti kwa nthawi yoposa chaka. Linaonetsedwa mu Novembala chaka chimenecho, lili ndi mawu ochenjeza kuti banja ndi antchito a kampani a mu sewerolo ndi opeka. Pamene Niki Stein ankakonza Rommel la mu 2012, banja la mkulu wa asilikaliyo, kuphatikizapo mwana wake Manfred amene anakhalapo meya wa Stuttgart, linadandaula kwa wailesi ya SWR kuti zolembedwazo zikumunyoza. Sewerolo linaonetsedwa ndithu. Banja lingadandaule, koma silisaina.

Mkangano waukulu koposa unabwera ndi Unsere Mütter, unsere Väter, kutanthauza amayi athu ndi abambo athu, limene Philipp Kadelbach anatsogolera ndipo ZDF inaonetsa m'magawo atatu mu Malichi 2013, gawo lililonse likuonedwa ndi anthu pafupifupi 7 miliyoni. Mabwenzi asanu akutsanzikana ku Berlin mu 1941, akuvina, akulonjezana kuti adzakumananso pa Khirisimasi: abale awiri opita ku nkhondo ya ku Russia, namwino, woimba, ndi telala wachiyuda. Sitinganene kuti sewerolo likuyeretsa asilikali achijeremani. Mmodzi mwa abalewo akuombera mkaidi, winayo akusanduka wakupha wosagwidwa nthumanzi, ndipo namwinoyo akupereka mnzake wachiyuda. M'mabanja ambiri ana anayamba kufunsa agogo awo mafunso amene anali asanafunsepo, ndipo chimenecho si chinthu chaching'ono.

Vuto lili pa asanuwo. Achinyamata obadwa cha m'ma 1920 anakulira m'sukulu ndi m'magulu a achinyamata a chipani cha Nazi, ndipo ambiri anamukhulupirira Hitler ndi mtima wonse. Mwa asanu a mu sewerolo palibe wodana ndi Ayuda kuchokera pansi pa mtima, ndipo akuvina ndi mnzawo wachiyuda m'chaka chomwe Ayuda a ku Berlin anayamba kuvala nyenyezi yachikasu ndi kukwezedwa sitima. Katswiri wa mbiri Ulrich Herbert anadzudzula kuti mu sewerolo a Nazi enieni nthawi zonse ndi anthu ena, osati makolo athu. Ndiye chidani chimene chachepa mwa asanuwo chikukapezeka poyera pakati pa asilikali a m'tchire a ku Poland, a Armia Krajowa, amene mnyamata wachiyuda uja akuthawirako. Kudana ndi Ayuda kunalipodi pakati pa ena a iwo, akatswiri sakana. Koma kuti dziko limene linalowerera Poland ndi kupha anthu ake mamiliyoni liziwaonetsa motero, kwinaku likufewetsa ana ake, zinawawa kwambiri. Kazembe wa Poland ku Berlin analemba kalata yodandaula ku ZDF, msilikali wakale wa gululo anakasuma ku Kraków, ndipo mu Disembala 2018 khoti linalamula wailesiyo ndi kampani yojambula kuti zipepese, mlandu n'kupitirira ku apilo. Sewero lomwelo linali litalandira kale International Emmy mu 2014.

Kadelbach anajambula nkhondo mwaluso losowa, ndipo mabatani a mayunifolomu ake palibe angawapezere chifukwa. Ndi sewero labwino kuonera koma lofooka pophunzitsa, chifukwa silionetsa paliponse pamene wolemba anasankha kuwachitira chifundo anthu ake. Pa ichi Breloer ndi Geschonneck ndimawaika patsogolo.

Ena mwa masewerowa, monga Charité ndi Babylon Berlin, anafika m'mayiko ambiri kudzera pa Netflix, koma anafika okha. Kwawoko ARD ndi ZDF zili ndi chizolowezi choonetsa filimu ya zochitika zenizeni usiku womwewo sewero likangotha, momwe akatswiri amalekanitsa zopeka ndi zolembedwa. Zinatero ndi Charité, zinateronso ndi Die Wannseekonferenz. Inu mukapeza sewero, mufunefunenso filimu inzakeyo, ndipo musanamuuze mwana wanu wa sekondale kuti Koch kapena Rommel ananena zakutizakuti, muyambe mwafufuza ngati mawuwo ali m'chikalata.